Chipepeso cha ovulala pamsewu chikuthera m'njira

A Mkonzi,

Ndiloleni ndipereke dandaulo langa kudzera mu nyuzipepala yanuyi, chifukwa nkhaniyi yandikhala pakhosi kwa zaka zitatu tsopano ndipo ndaona kuti kungoyankhula pa maliro ndi pa msika sikukuthandiza aliyense. Ine ndimakhala kufupi ndi Lizulu kuno ku Ntcheu, pomwe msewu wa M1 umadutsa pakati penipeni pa msika, mbali ino Malawi mbali inayo Mozambique. Amene munadutsapo mukudziwa mmene pamakhalira, kabichi, tomato, kachewere, karoti, zonse zili m'mphepete mwa tala, minibasi ikangoima anthu khamu kuthamangira ndi mabeseni pamutu, kwinaku mathiraki ochokera ku border ya Dedza akudutsa osachepetsa olo pang'ono. Ife ndi mmene timadyera, sitingachoke pamsewupo. Nde ngozi kuno si nkhani yomva pa wailesi ayi, timaziona ndi maso, ndipo pafupifupi banja lililonse lili ndi wake amene anagundidwa kapena anagubuduzika mu galimoto.

Za kuthamanga kwa madalaivala ndi kuipa kwa msewu anthu alemba kale zambiri. Ine ndikufuna ndinene za zomwe zimachitika ngozi ija itatha, ambulansi itapita, anthu oonerera atabalalika, wovulala atatsala yekha ndi abale ake mu wodi.

Achemwali anga aakulu amagulitsa kabichi. Mu June 2022, m'mawa wina wa chifunga chija chimatseka kuno nthawi yozizira moti munthu suona olo mamita khumi kutsogolo, anagundidwa ndi minibasi yomwe imapitirira inzake itaima. Iwo anali kumbali, sanali pakati pa msewu. Fupa la ntchafu linathyoka, chiuno chinavulala, mano awiri akutsogolo anachoka. Anagona m'chipatala miyezi iwiri ndi masabata, mwendo uli pa chitsulo chokoka chija, kenako anatitumiza ku Lilongwe komwe anakawaika chitsulo mkati. Mpaka lero amayenda motsimphina, beseni pamutu sasenza, kumunda akagwira khasu mphindi zochepa amakhala pansi. Mayi wa ana anayi, bambo anamwalira kale.

Tsiku lachitatu ali m'chipatala kunabwera mwini minibasi ndi m'bale wake. Anabwera bwinobwino mwaulemu, atanyamula shuga, Sobo, buledi ndi envelopu ya K40,000. Anapepesa, ife tinalandira chifukwa ndi mwambo wathu, munthu akabwera kudzapepesa sumubweza. Koma kenako anatulutsa pepala lolembedwa m'Chingerezi nkunena kuti angodinda chala apa kusonyeza kuti tagwirizana, nkhani ithere pompano tisavutane ndi za kupolisi. Achemwali anga sukulu analekezera Sitandade 4, ululu uli tho, ine ndinali nditapita kukagula phala panja. Chala anali atapaka kale inki. Amene anatipulumutsa ndi mayi wina amene amadikirira mwana wake pa bedi loyandikana, anakuwa kuti mayi musadinde, dikirani achimwene anu abwere awerenge kaye. Nditawerenga ndinapeza kuti pepalalo likunena kuti talandira chipepeso chonse ndipo sitidzafunanso kanthu kwa iye kapena kwa wina aliyense. K40,000, pa mwendo wa munthu amene akudyetsa ana anayi.

Ndakhala ndikuganiza za mayi uja kawirikawiri. Akanakhala kuti anatuluka kukachapa, nkhani yonse ikanathera pa shuga ndi Sobo. Ndipo ndikudziwa kuti ambiri kuno zimathera pomwepo, chifukwa palibe amene anawauzapo kuti galimoto iliyonse yoyenda pamsewu wa boma lamulo limaikakamiza kukhala ndi inshuwalansi, ija amati third party, ndipo ntchito ya inshuwalansi imeneyo ndi kulipira munthu amene wavulazidwa ndi galimotoyo. Lamulo lake ndi Road Traffic Act ya 1997. Kapepala kozungulira kamene kamamatidwa pa galasi lakutsogolo kaja, kamene atrafiki amayang'ana pa rodibuloko, ambiri timangoganiza kuti ndi ka apolisi basi, chonsecho ndi ka ife oyenda pansi ndi okwera. Mwini galimoto analipira kale ndalama ku kampani kuti tsiku la tsoka kampaniyo idzalipire. Lamulo lomwelo limalola wovulala kusumira kampani ya inshuwalansiyo mwachindunji. Nde munthu akamapempha chipepeso sakupempha chifundo, sakuchita nkhanza kwa dalaivala, akungotenga zomwe zinaikidwira iyeyo.

Izi ndikuzinena motsindika chifukwa kuno kwathu kuli kamtima kena kamene kamatipweteka. Munthu akati ndikufuna chipepeso, anthu amayamba kunong'ona kuti akufuna kulemera ndi ngozi, ena amati ndalama ya magazi siyabwino, ena amati zinachitika ndi chifuniro cha Mulungu ingokhululukani. Achemwali anga anamukhululukira dalaivala uja kalekale, alibe naye chifukwa. Koma kukhululuka sikulipira fizi ya mwana wa Fomu 2, sikugula feteleza, sikulipira thiransipoti yopita ku Lilongwe kukaonetsa mwendo mwezi ndi mwezi. Amene amanena zimenezi sanabwere ndi thumba la chimanga olo limodzi chaka chimene munda unagona.

China chimene anthu amasokoneza ndi mlandu wa kupolisi. Dalaivala uja anatengeredwa ku khoti la majisitireti, anavomera kuti anayendetsa mosasamala, analipira chindapusa nkumapita. Abale ena kumudzi anati basi nkhani yatha, walipira. Koma ndalama ya chindapusa ija imapita ku boma, wovulala saona olo tambala. Nkhani ya chipepeso ndi ina payokha, umayenera kuiyambitsa wekha, ndipo ukangokhala chete palibe amene adzabwere kudzakufunsa.

Tsono apa ndi pomwe tinagwera m'manja mwa madobadoba. Sabata yomweyo mu wodi munayamba kulowa anyamata ovala bwino, mafayilo kukhwapa, kumayenda bedi ndi bedi ngati abusa odzapempherera odwala. Amadziwa kale dzina la wodwala, komwe ngozi inachitikira, olo nambala ya galimoto. Amene amawapatsa zimenezi ndani? Mmodzi anatiuza kuti iye ndi wa ku ofesi ya maloya, sitilipira kanthu, zonse ayendetsa yekha, pakatha miyezi itatu ndalama ilowa. Ife titatopa, ndalama yatha, munthu akukuuza kuti akuthandiza ulele, ungakane? Tinasaina. Anatenga lipoti la apolisi, anatenga lipoti la dokotala, anatenga ndi chiphaso cha achemwali kukachita fotokope, mapepala enieniwo anapita nawo ife osatsala ndi kope olo imodzi. Apa ndi pomwe tinalakwitsa kwambiri ndipo ndikupempha aliyense amene akuwerenga kuti asadzachite zimenezi.

Miyezi itatu inakhala chaka. Ukaimba foni, akuti fayilo ili ku khoti. Ukaimbanso, akuti a inshuwalansi akuvuta. Kenako nambala ija inasiya kupezeka. Loya mwiniwakeyo sitinamuonepo nkhope, dzina lake tinkangolidziwa pa kapepala kamene ndinajambula pa foni mwamwayi tsiku losaina lija. Kumapeto kwa 2024 ndinagulitsa mbuzi nkukwera basi kupita ku Lilongwe kukafufuza ndekha. Ndinayamba ku kampani ya inshuwalansi, ndinakhala pa benchi kuyambira m'mawa mpaka dzuwa kupendeka, ndipo mayi wina wa pa desiki atandimvera chisoni anayang'ana mu kompyuta nkundiuza kuti bambo, nkhani imeneyi tinalipira kale miyezi isanu yapitayo, cheke chinapita kwa loya wanu. Miyezi isanu, A Mkonzi. Nthawi imeneyo mwana wawo wamkulu anali atabwezedwa kale ku sukulu chifukwa cha fizi.

Sindikufuna kutchula dzina la ofesiyo. Nditafika ndi umboni anasintha mawu, anati amatifunafuna koma analibe nambala yathu, chonsecho dobadoba wawo anafika mpaka pakhomo pathu kawiri. Kampani inalipira K5 miliyoni, anati ndiwo malire a inshuwalansi ya minibasi ija ngakhale khoti linanena ndalama yoposa pamenepo. Pa K5 miliyoni imeneyo achemwali anga analandira K2.9 miliyoni. Yotsalayo anati ndi ya loya, ya mapepala, ya maulendo, ndi ya mnyamata amene anabweretsa nkhani. Ndinapempha kuti andilembere pa pepala mmene agawira, anandiuza kuti ndibwere sabata yamawa. Kuchoka ku Lizulu kupita ku Lilongwe ndi kubwerera si ndalama yamasewera.

Ndisaname, si maloya onse ali choncho. Mnzanga wina wa ku Bembeke anathyoka mkono minibasi itagubuduzika cha ku Linthipe, anapita yekha ku ofesi ya loya, anakhala pansi nkugwirizana za malipiro zisanayambe, analemberana, ndipo tsiku lomwe khoti limawerengera chipepeso anamuitana akaonekere yekha nkuonetsa mkonowo. Yake inayenda bwino. Kusiyana kwake ndi ife nkoti iye anamuona loya maso ndi maso, ife tinadutsira kwa munthu wapakati. A Malawi Law Society, bungwe la maloya, akhala akudzudzula mchitidwe wosaka makasitomala m'zipatalawu, ndipo ndi komwe munthu ungakadandaule loya akakudyera ndalama. Koma mayi wa kwa Ganya kapena kwa Kachindamoto amadziwa kuti kuli bungwe lotero? Ndipo akadziwa, akafikako bwanji ndi ndodo?

Pa zaka zimenezi ndaphunzira zinthu zomwe ndikanakonda wina akanandiuza tsiku loyamba. Pa malo a ngozi, ngati muli ndi mphamvu kapena muli ndi m'bale, jambulani nambala ya galimoto ndi kapepala ka inshuwalansi ka pagalasi kaja, chifukwa pamenepo ndi pomwe pali dzina la kampani. Tengani manambala a foni a anthu awiri atatu amene aona, poti mawa dalaivala adzanena kuti munalowa nokha pamsewu. Nkhani ikafike kupolisi olo mwini galimoto akunyengerereni bwanji, popanda lipoti la apolisi kampani siyikumverani. Lipoti la dokotala ndi lofunika kwambiri, ndi lomwe limanena kuti mwavulala pati ndipo thupi lanu lalumala ndi maperesenti angati, ndipo musathamangire kulitenga bala lisanaoneke mmene lithere, chifukwa achemwali anga poyamba ankaoneka ngati achira bwinobwino, kutsimphina kunadzaoneka pambuyo. Malisiti onse sungani, a mankhwala, a ndodo, a X-ray, olo a lipoti lenilenilo poti nalonso amalipiritsa. Khoti limabweza ndalama yomwe mwaonetsa umboni wake, ya pakamwa silimva. Ife tinawononga ndalama zambiri pa ma minibasi ndi mankhwala ogula ku famase koma tinalibe kapepala, zonsezo zinapita.

Ndipo chipepeso si cha bala lokha. Khoti limayang'ana ululu umene munthu wadutsamo, limayang'ana zinthu zomwe ankachita kale koma pano sangathe, kaya kulima, kaya kupalasa njinga, kaya kusenza mtolo wa nkhuni, limayang'ana chilema kapena zipsera zomwe zatsala, komanso ndalama zomwe akanamapeza akanakhala wabwinobwino. Apa anthu a geni timaluza kwambiri, chifukwa wa pa ntchito ya boma amangoonetsa payslip, pomwe mayi wa kabichi alibe chilichonse cholembedwa. Achemwali anga anali mu banki m'khonde, buku la gulu lija likanatha kuonetsa kuti sabata iliyonse ankaponya zingati, koma palibe anatifunsa ndipo ife sitinaganize. Dziwaninso kuti akapeza kuti nanunso munalakwitsa mbali ina, mwina munadutsa msewu osayang'ana, ndalama ija amaidula koma sikuti imatheratu, nde musagwe ulesi chifukwa wina wakuuzani kuti inunso munali olakwa.

Nthawi nayo ili ndi malire. Nkhani ya kuvulala lamulo limapereka zaka zitatu kuti ikhale italowa ku khoti, zikadutsa basi mwaluza olo mwendo unaduka. Zaka zitatu zimaoneka zambiri koma kwa munthu amene wagona chaka chathunthu, kenako akudikira dobadoba amene sakuyankha foni, zimatha ngati madzi. Funsani nambala ya mlandu wanu. Ngati loya sakukupatsani nambala ya mlandu patatha miyezi, dziwani kuti mwina palibe chomwe chalowa ku khoti. Amene alibe ndalama ya loya kuli a Legal Aid Bureau, ndi a boma, ali ndi maofesi ku Lilongwe, Blantyre, Zomba, Mzuzu ndi m'maboma ena. Kampani ya inshuwalansi ikamazemba kulipira, amene amayang'anira makampani amenewa ndi a Reserve Bank of Malawi ndipo amalandira madandaulo.

Za K5 miliyoni ija ndibwererenso pang'ono chifukwa imandiwawa. Ngozi inachitika 2022. Mu November 2023 kwacha inagwetsedwa ndi 44 peresenti. Ndalama inafika m'manja kumapeto kwa 2024. Aliyense amene amagula feteleza kapena malata akudziwa kuti ndalama ya 2022 ndi ya 2024 si imodzi. Malire a inshuwalansi anakhala pomwepo osasuntha pomwe zinthu zonse zakwera, ndiye kampani ikachedwetsa nkhani zaka ziwiri imapindula ndi iyo, wovulala ndi amene amaluza. Yotsala pamwamba pa malirewo amati mukatenge kwa mwini galimoto. Mwini galimoto wathu minibasi ija anagulitsa, akuti anapita ku Joni. Tikamutenga kuti? Malire amenewa akuyenera kuunikidwanso, ndipo kampani yochedwetsa dala izilipira ndi chiwongoladzanja choti imve kuwawa.

Komabe achemwali anga ndi amwayi poyerekeza ndi ena, poti anagundidwa ndi galimoto ya mapepala. Tsono taganizani za kabaza. Kuno njinga zamoto zachuluka kuposa nkhuku, zambiri zimalowa kuchokera ku Mozambique, zilibe nambala, zilibe inshuwalansi, woyendetsa alibe laisensi, chipewa palibe, akweza anthu atatu ndi thumba la kachewere. Sindikuwada anyamatawa, ndi ana athu omwe, ntchito kulibe, ndipo popanda iwo wodwala wa ku Tsangano kapena kumapiri uko sangafike ku chipatala. Koma ikakugunda njinga yotero ukadandaula kwa ndani? Neba wanga, bambo wachikulire amene ankasoka nsapato pa msika, anagundidwa madzulo akuchokera ku tchalitchi, mnyamatayo anadzuka nkuthawira mbali ya Mozambique, kungowoloka msewu basi wafika dziko lina. Bamboyo mwendo anadula. Sanalandire olo K1, pano amakhala pakhonde kudikira ana amupatse chakudya. Chimodzimodzi amene amakwera matola, pa lole kapena pikapu popita ku msika kapena ku maliro, ikagwa kampani imapeza pokanira kuti galimotoyo sinalembetsedwe kunyamula anthu olipira. Ndipo ndi angati amene amagundidwa usiku pakati pa Dedza ndi Ntcheu galimoto osaima, mmawa anthu kungopeza mtembo?

Ku South Africa kuli thumba la boma lotchedwa Road Accident Fund, ndalama yake imachokera pa mafuta, lita iliyonse yomwe munthu wagula kandalama kena kamalowa mmenemo, ndipo ngakhale amene wagundidwa ndi galimoto yothawa amatha kukapempha. Abale athu amene ali ku Joni amatiuza kuti nalonso lili ndi mavuto ake, limachedwa, lili ndi ngongole, koma bola liripo. Botswana ndi Namibia nawonso ali ndi thumba lotere. Ife kuno pa mtengo wa mafuta pali kale misonkho ingapo kuphatikizapo wa misewu. Kwathu kuno kuli ma toll gate awiri, wa Chingeni unatsegulidwa mu November 2021, wa Kalinyeke ku Dedza unatsatira mu 2022. Galimoto zodutsa zimasiya ndalama. Ife amene tikukhala pakati pa zipata ziwirizi ndi amene tikugundidwa ndi galimoto zomwezo. Kodi nkosatheka kupatula kachigawo kochepa kuti kazithandiza munthu amene wavulazidwa ndi galimoto yothawa kapena njinga yopanda inshuwalansi? Sindikunena mamiliyoni ayi, olo yoti agule ndodo, mwendo woikirira, ndi kampamba koti ayambirenso. Aphungu athu a Dedza ndi Ntcheu, nonse mumadutsa msewu womwewu popita ku Nyumba ya Malamulo, munaona zomwe zinachitika pa Kampepuza thiraki italowa mu msika nkupha anthu ambirimbiri. Pa maliro munabwera, mabokosi munagula, tinathokoza. Koma amene anapulumuka ali olumala, ndi ana amene anatsala amasiye, alipo amene anabwerera kukaona kuti analandira chiyani?

Pa nkhani ya imfa pali chinanso chomwe ndi chathu chomwe, sitingaloze boma. Munthu akafa pa ngozi chipepeso chimayenera kupita kwa amene ankadalira iyeyo, mkazi, ana, makolo okalamba. Koma kuno ndaona ndi maso anga ndalama ikangomveka kuti yatuluka, akuchimuna amatulukira, amalume amene sanabwere olo kudzazonda, nkumati mwana ndi wathu, mkaziyu ndi wobwera. Mayi wamasiye amatsala ndi ana asanu ndi K100,000, ena akugula njinga yamoto ndi ndalama ya malemu. Lamulo la chuma cha masiye la 2011 limaletsa kulanda kotere, ndi mlandu. Mafumu athu, a Gomani, a Kachindamoto, a Kaphuka ndi ena nonse, nkhani iyi ikuyenera kumanenedwa pa bwalo ndi pa maliro pomwe, poti anthu amamvera inu kuposa pepala la ku khoti.

Pempho langa lalikulu ndi laling'ono kwambiri ndipo silifuna bajeti ya ku Nyumba ya Malamulo. Pepala limodzi, la m'Chichewa, lomata pa khoma la wodi ya ovulala mu chipatala chilichonse cha boma ndi cha mishoni, ndi pa kauntala ya atrafiki pa polisi iliyonse. Lizinena kuti ngati mwavulala pa ngozi ya galimoto muli ndi ufulu wolandira chipepeso, musasaine kapena kudinda pepala lomwe simunalimve, mapepala ofunika ndi awa, mtengo wa lipoti ndi uwu, nthawi yake ndi iyi, mukafuna thandizo imbani apa. A Road Traffic, a Insurance Association of Malawi, a Legal Aid ndi a Law Society atakhala pansi tsiku limodzi akhoza kulilemba. Mauthenga a kolera ndi a katemera amafika mpaka kumudzi kwenikweni, pa wailesi, pa makoma, mu tchalitchi, nde njira yofikira anthu ilipo. Ndipo makampani a inshuwalansi akamalipira kudzera kwa loya azitumizako uthenga wa pa foni kwa mwini nkhani kuti ndalama yanu yatuluka, ndi yochuluka chonchi. Airtel Money ndi Mpamba amatitumizira uthenga pa K500 yomwe, zingavute pa K5 miliyoni? Uthenga umodzi wokhawo ukanapulumutsa chaka cha sukulu cha mwana wa achemwali anga.

Oyang'anira zipatala nawonso atithandize pa anyamata a mafayilo aja. Mlonda wa pa geti amabweza m'bale amene wabwera ndi phala nthawi yoona odwala isanakwane, koma dobadoba amalowa nthawi iliyonse mpaka pa bedi. Wodwala amene ali pa ululu, wamwa mankhwala ogonetsa, si munthu womusainitsa pepala.

Achemwali anga ndalama ija anabwezera ngongole zomwe tinatenga nthawi ya chipatala, anabwezera mwana ku sukulu ngakhale anabwereza kalasi, yotsala anakhomera kabenchi pa msika pomwe amakhala pansi nkumagulitsa tomato ndi anyezi, poti kuthamangira minibasi ndi beseni sangathenso. Benchilo lili mamita ochepa kuchoka pomwe anagundidwira. Chitsulo chili mu ntchafu chija madokotala anati chidzafunika kuchotsa, ndipo nthawi yozizira ino chimawapweteka mpaka usiku sagona. Ine pepala losonyeza mmene K2.1 miliyoni inagawidwira ndikulifunabe, ndalemba kalata yodandaula ku Law Society ndipo ndikatuta kachewere mwezi wamawa ndikwera basi kukaipereka ndekha.

Wowerenga wanu,
Lizulu, Ntcheu